Munda Umene Amayi Adaugoneka

Mpaka lero ndikamadutsa pa Golomoti pa minibasi, maso anga amathawira kumunsi kwa msewu, kumene kunali munda wa amayi. Pano pali waya ndi ngalande ya simenti. Ndimayang'anabe, kupusa kwangaku.

Mundawo amayi adaulandira kwa amayi awo. Thonje lidaudya zaka zambiri mpaka nthaka idayera mbuu, ndiye amayi adati, "Watopa uwu, ugone." Kwathu ndi mmene timachitira. Munda ukatopa timaugoneka kuti umere udzu ndi zitsamba, mbuzi zidyemo, kenako timadzaubwerera uli ndi mphamvu. Zaka zitatu amayi ankalima kadimba kobwereka kutali, miyendo kutupa, ife kudya moperewera. Koma Lamulungu lililonse pochokera kutchalitchi ankapatukira kumunda kwawo, n'kufukula dothi ndi chala, kulinunkhiza. "Watsala pang'ono kudzuka," ankatero, ngati akunena za khanda.

Chaka chomwe amati aubwerere ndi chomwe boma lidafuna malo onsewo kuti pakhale ulimi wothirira. Tidamva kuti kukubwera anthu odzawerengera chipukuta misozi, ndipo amawerenga zooneka ndi maso basi: nyumba, mitengo ya zipatso, mbewu. Anzathu ochenjera adathamanga kukazika chinangwa paliponse. Ine ndidati nafenso tizike. Amayi adandiyang'ana ngati ndawatukwana. "Ndiudzutse nthawi isanakwane chifukwa cha alendo?"

Alendowo adafikadi ndi tepi ndi makope awo. Adaona udzu wolekeza m'chiuno, adawerenga mtengo umodzi wa bwemba ndi iwiri ya masawu, n'kulemba kuti tchire. Tchire! Pamene agogo anga adathyokerapo msana!

Ndine ndidakakamiza zopita kukhoti. Ndinali nditangoyamba uphunzitsi, ndipo ndinkadziona ngati dziko lonse ndalidziwa. Amayi za kuchepa kwa ndalama sankazilabadira kwenikweni. Chinkawadya mumtima ndi zolembedwazo. "Adzukulu anga adzamve kuti ndinkasunga tchire ngati mlesi? Alembe kuti unali munda, basi."

Tsiku la mlandu tidakwera mapiri kupita kuboma, amayi atamanga dothi m'kapepala ka shuga. Woweruza anali bambo waulemu ndithu, sindingawanamizire. Atawapatsa mpata, amayi adamasula dothi lija, lakuda bii, n'kulitambasula pachikhatho. "Bwana, tanunkhizani. Ndalidikira zaka zitatu limeneli." Anthu adaseka. Ine ndidalakalaka nthaka itandimeza, ndipo ndikakumbukira kuti ndidachita nawo manyazi amayi anga, mtima umandipweteka.

Pogamula, bwanayo adafotokoza mofatsa m'Chingerezi, womasulira akutsatira m'Chichewa, kuti khoti silingayeze zimene munda ukadabereka. Limayeza zimene zidapezeka pamalopo tsiku lowerengera, ndi mtengo umene malo otere angagulidwe nawo m'deralo. Adati kudikira kwa amayi akukumvetsa, koma kulibe muyezo wake. Adawonjezerako ndalama pang'ono chifukwa chotisokoneza. Pachikalata cha chigamulo, malo athu adakhalabe tchire.

Titatuluka, amayi adandikokera pamthunzi n'kundipatsa chikalatacho, poti iwo sukulu sadaipondeko. "Womasulira uja amathamanga, sindidamve bwino. Tawerenga, mwanawe. Alemba kuti munda?"

Ndidayang'ana pepala, ndidayang'ana iwo. Dothi linali likadali m'zikhadabo mwawo.

"Eya, amayi. Alemba."

Adapuma mpweya wautali. "Basi. Tiye kwathu."

Chikalatacho adachisunga m'sutikesi pamodzi ndi zovala za kutchalitchi. Kukabwera alendo ankachitulutsa monyadira. "Onani, boma lidavomera kuti unali munda." Odziwa Chingerezi ankawerenga, n'kundiyang'ana, ine n'kuyang'ana pansi. Amalume adawerenga, aphunzitsi anzanga adawerenga, koma palibe ndi mmodzi yemwe adandiulula. Onse ankangoti, "Zoonadi, mayi."

Amayi adamwalira akukhulupirira kuti adalemba munda, ndipo bodza limenelo sindidalilapepo. Koma ndimawasowa, abale inu. Ndimasowa kuwaona atagwada m'udzu muja, atavala zoyera za Lamulungu, mphuno ili padothi. Minibasi ikamachedwa pa Golomoti ndimafuna nditsike, ndilowetse dzanja kunsi kwa waya, ndifukule pang'ono ndinunkhize. Mwina mundawo udadzuka ndithu, monga ankanenera. Mwini wake yekha ndiye sadaponyemo khasu.