Amayi ndi mchere wa m'chipululu

Moni nonse kumudziko.

Abale, lero Amayi andichititsa manyazi kuno ku Namibia. Ndinawatenga kukaona maiwe a mchere m'chipululu. Madzi ake ofiirira, m'mphepete monse mbee ngati ufa woyanika pamphasa. Bambo wotitsogolera ananeneratu kuti kujambula jambulani, koma osatola kanthu.

Ndangopotoloka pang'ono, ndikupeza Amayi agwada, ayala kapulana yawo, chitenje chija, pansi, akukokolola mchere ndi manja awiri! Bamboyo analetsa motolisita, woyendetsa galimoto yathu, kunyamuka mpaka Amayi aukhuthule. Anthu onse m'galimoto maso ali pa ife, dzuwa likutiwotcha, kopanda ndi mtengo womwe.

Ndinawakalipira ndithu. Iwo osatekeseka: "Iwe unabadwa titabwerera kale kwathu ku Domwe. Titathawira ku Dedza nthawi ya nkhondo, nkhwani tinkadya wopanda mchere. Lero ndiusiye anthu akuuponda ndi nsapato?"

Anaukhuthula monyinyirika, tinanyamuka. Titafika kogona, ndikuona duku lawo lalemera mbali imodzi. Amangamo kamfundo ka mchere, ati ndi wa Azakhali omwe anathawa nawo limodzi.

Achimwene, tandiuzani: ndiwalande, kapena ndikhale ngati sindinaone?