Gwira Munthu Wako

Loweruka m'mawa pa bwalo la mpira ku Laurel, kunja kuno, kochi wa mdzukulu wanga anakuwa m'Chingerezi. Mwanayo popuma anandimasulira: "Agogo, amati aliyense agwire munthu wake." Ndinaseka mpaka misozi.

Kwathu ku mishoni kunali Abulazala a ku Holland. Kwawoko ankasewera mpira kumbuyo, ndipo maondo atatopa anayamba kuphunzitsa anyamata. Tsiku lina wosewera mmodzi sanabwere, ndiye analowetsa ine, kamtsikana kotola mipira.

"Iwe, gwira munthu wako uyo," anatero akuloza Yohane, mnyamata wa timu inayo. "Akagoletsa, watuluka."

Kutuluka sindinkafuna. Ndinamugwiradi Yohane, manja onse awiri pa kabudula wake wakhaki wonunkha utsi. Iye kuthamanga, ine kukhwekhwereka m'fumbi, mpaka chingwe cha kabudulayo chinaduka.

"Abulazala, muuzeni andisiye!"

Abulazala anachita kukhala pansi ndi phwete. "Difenda ndi ameneyu. Mawa ubwerenso."

Yohane uja ndi amene anadzakhala bambo a ana anga. Ndinawagwirabe mpaka chaka chatha kuchipatala, pamene anandipulumuka m'manja. Tsopano Loweruka lililonse ndimakhala pambali pa bwalo, kukuwira mdzukulu wanga kuti asamusiye wakeyo.