Nyimbo Imene Inatulukira Pazenera

Ndinakhala mlangizi ku Chawama, mu Lusaka, kwa zaka zambiri. Mtsikana akatsala pang'ono kukwatiwa, makolo ake ankabwera naye kwa ine, ndipo ine ndi amayi anzanga tinkamulowetsa m'chipinda n'kumuphunzitsa za m'banja. Zambiri tinkaphunzitsa ndi ng'oma, poti pali mawu ena amene satuluka bwino pakamwa ukamangoyankhula. Nyimbo zimenezo si zapamsewu. Mwamuna sazimva, mwana sazimva, ndipo amene walangizidwa amazisunga mpaka tsiku limene nayenso adzalangize mnzake.

Nyumba yathu inali ya zipinda ziwiri, choncho tikayamba ntchito ana tinkawathamangitsira kutali. Mwana wanga wamwamuna ndiye ankachoka msanga kuposa onse, ine n'kumadzitama kuti ndinabereka mwana womvera. Ndikanadziwa bwanji kuti ankangozungulira kuseri n'kukakhala pansi pa zenera?

Atakula anagwirizana ndi mnzake wina wa banja lochokera ku Kopala, kudera la migodi, n'kuyamba kuimba nyimbo zothamangitsa mawu zija amati hipihopu. Ankajambulira m'kachipinda kena kuseri kwa malo ometera tsitsi ku Matero. Poyamba ankaimba za ulova ndi za madzi odzaza m'nyumba ku Kanyama, koma panalibe wowamvera. Kenako anatulutsa ina.

Ndinaimvera mu minibasi ndikupita kutauni. Dalaivala anakweza wailesi, anyamata akumbuyo n'kukuwa. Pakati pa phokosolo ndinamva mawu a mwana wanga akuimba nyimbo imene timatsekera nayo chilangizo, ija yaikulu imene ngakhale ife timaiimba titatsitsa mawu. Sanasiyeko liwu ngakhale limodzi, ndipo pamwamba pake anathirapo zotukwana zawo. Kamtsikana ka yunifolomu kamene kanakhala pambali panga kankatsatira ndi milomo. Ndinatsika ndisanafike kumene ndinkapita.

Nditamufunsa kunyumba, sanaone n'komwe cholakwa.

"Ba mami, ni nyimbo chabe," anatero. "Imwe muimbila munthu umozi mu nyumba, ise tiimbila Lusaka yonse. Manje vavuta pati?"

"Iwe, vija si vako," ndinamuuza. "Si vanga futi. Ninasungisiwa chabe."

Anaseka, n'kundigwira paphewa ngati ndine mwanayo.

Posakhalitsa mawailesi anaikana nyimboyo, abusa anailalikira pa guwa, ndipo uku kunali ngati kuthira palafini pamoto. Awiriwo anayamba kuitanidwa m'mabala a ku Mtendere, ku George, ku Kalingalinga, ndipo nyimbo iliyonse yatsopano inkaposa inzake pa kutukwana. Tsiku lina mwanayo anabwera ndi firiji pa wilibala. Ndinaiyang'ana nthawi yaitali, koma ndinailandira, ndipo ilipo mpaka lero.

Amayi anzanga anabwera Loweruka lina masana, atatsogozedwa ndi mkulu wathu amene anandiphunzitsa ntchitoyi. Anakhala pamphasa, anakana tiyi.

"Amake mwana," anatero mkuluyo, "vinthu vathu vili mu bala manje, vivinidwa na bakolwa. Makolo bafunsa kuti vinachokela nyumba ya ndani. Tizabayankha chani?"

Sanandikalipire, ndipo bola akanandikalipira. Anangonyamula ng'oma ya gulu imene inkakhala kwa ine, n'kuikulunga m'chitenje, n'kumapita. Kuyambira pamenepo palibe kholo linagogodanso pakhomo panga ndi mwana wake. Nkhuyu zodya mwana zipota wamkulu, ndipo ine zinandipota ndithu.

Kutchuka kwa awiriwo sikunakhalitse. Kunabwera ana ena otukwana kuposa iwo, nawonso anayamba kukangana kuti mwini dzina la gulu ndani, mpaka anasiyana osalankhulana. Mnzake uja anabadwa mwatsopano. Pano amaimba kutchalitchi china ku Lilanda, ndipo akamapereka umboni wa mmene anatulukira mumdima anthu amamuombera m'manja. Wangayu amagulitsa zotchingira mafoni m'tauni, wina akamuzindikira amakondwa tsiku lonse. Onse awiri anapeza pogwira. Koma kwa mlangizi kulibe kubadwa mwatsopano, ukatayika watayika. Ndinatopa nako kukwiya, ndinangoyamba kugulitsa tomato pakhomo.

Chaka chathachi mwana wa malemu mng'ono wanga, mtsikana amene ndinamulera ndekha, anapeza banja. Anaumirira kuti womulangiza ndikhale ine. Ndisaname, ndinasangalala ngati mwana. Ndinakabwereka ng'oma, ndinanyengerera amayi awiri kuti andithandize, ndipo zenera ndinalitseka ndi bulangete ngakhale kunalibe woti amvetsere.

Zonse zinayenda bwino mpaka tinafika pa nyimbo yotsekera ija. Nditangoyamba mzere woyamba, mtsikanayo anawerama, mapewa akugwedezeka. Ndinaganiza kuti akulira, poti ambiri amalira akafika pamenepa, akazindikira kuti utsikana watha. Nditamudzutsa nkhope ndinapeza akulimbana ndi phwete.

"Pepani ba mami," anatero akupukuta misozi. "Ni ija nyimbo ya mwana wanu. Tenze kuivina ku sukulu."

Ndinayang'ana pansi. Phazi lake linkagunda, koma silinkatsata ng'oma yanga, linkatsata kaimbidwe ka anyamata aja. Amayi awiri aja anayang'ana kukhoma.

Ndinaimba mpaka kumapeto, chifukwa nyimbo imeneyo sitiisiyira panjira. Kutacha ndinakabweza ng'oma kwa mwini wake, ndipo sindinakabwerekenso.