Maliro a Achimwene pa Tivi

Achimwene anamwalirira ku Joni, ndipo anaikidwa komweko. Alamu anga, akazi awo, anati mwambo wonse auonetsa pa intaneti. Kunyumba kwanga, ku Chitipa Boma, anali atangondilumikizira intaneti ya faiba: kawaya kowonda ngati ulusi, kolowa m'kabokosi kophethira timagetsi. Ndinatumiza uthenga ku Nthalire kuti Amama abwere. Maso awo anali atafooka, pa foni sankaona kanthu, koma pa tivi nkhope ankaizindikira.

Dzulo lake la mwambowo ndinalimbana nayo tivi ija mpaka thukuta. Inkafuna pasiwedi, ine ndikusaka zilembo ndi rimoti ngati nkhuku yotola mapira. Kenaka inagwira. Ndinagona mtima uli m'malo.

Chomwe sindinaganize n'chakuti maliro ndi maliro, mtembo ukhalepo kapena ayi. M'mawa anafika amayi a kumpingo, n'kutulutsa mipando yonse pabalaza, monga tichitira pa siwa, n'kuyala mikeka. Tivi anaisunthira pakati, pamalo pa bokosi. Kawaya kaja anaona kuti kakola anthu miyendo, ndiye anakapinda bwinobwino, n'kukamanga mfundo yolimba. Pa zaukhondo amayi amenewa sumawauza.

Nthawi itakwana, kabokosi kanayaka kofiira. Tivi inangoti bii. Azibambo panja ankafunsa ngati alowe kapena adikire. Oyimba anayamba nyimbo, n'kuisiya. Ine mutu unaima: ndinazimitsa, kuyatsa, kulembanso pasiwedi, osadziwa chomwe ndikuchiza.

Malume, amene mawaya a wailesi akhala akulumikiza chikhalire, anaona mfundo ija.

"Apa ndiye pathyoka, mphwanga. Bweretsa lezala, tipotokole."

Anasenda kawaya kaja, nayang'ana, nasendanso.

"Yayi, akubera. Mulibe kopa muno!"

Munalibedi kopa. Munali kagalasi ngati tsitsi, ndipo tsopano kanali kataduka pawiri. Wokonza nditamuimbira anati ali ku Karonga, afika mawa.

Ndinatsegula pa foni. Zithunzi zinkabwera modukaduka, koma ndinaona bokosi likutsika. Ndinagwada pafupi ndi Amama, n'kuwayandikizira foniyo. Anaikankha pang'ono ndi dzanja, maso ali pa tivi.

"Ako nkhachoko. Nilindirenge ichi chikuru," anatero m'Chitumbuka, kuti ako n'kakang'ono, adikira chachikulucho.

"Amama, ayamba kale."

"Ayamba uli, ine sindinamuone? Uwauze alamu ako asamuike mwana wane. Nafika kale, nili pano."

Mpaka lero zimandipweteka. M'dzanja langa anthu ankathira dothi. Amama anakonza duku, nawongola miyendo pamkeka, nakhala tsonga kuyang'ana galasi lakuda lija, kudikira kuti maliro a mwana wawo ayambe.