Dothi la Maluwa a Mayi

Ndinali ndi zaka khumi ndi chimodzi pamene mayi anandisiyira maluwa awo. Tinkakhala pa Mwanza Boma, kuseri kwa msika, ndipo pawindo la pabalaza panali zitini zitatu za timaluwa tomwe mayi ankati mavayoleti, tamasamba okhuthala aubweya ndi maluwa apepo. Anawapatsa anali amayi aakulu a ku Blantyre, omwe pa nthawiyi anali atagonekedwa m'chipatala. Mayi ankapita kukawadwazika.

"Esinati, uzingothirira pang'ono dothi likauma, basi," anatero akukwera minibasi.

Patatha masiku ochepa ndinaona kuti dothi la m'zitinimo linali lopepuka ngati zinyalala. Ndinaganiza kuti mayi anasowa nthawi yokafuna labwino. Ndinapita kudimba kwa bambo, ndinakumba makande akuda bii omwe ankabereketsa kabichi, n'kuwokeramo maluwa onse, ndikutsendera ndi chala kuti alimbe. Madzi ndinkathira m'mawa ndi madzulo, ndi pamasamba pomwe. Ndinkafuna kuti mayi akabwera adzawapeze atakula.

Sabata ziwiri zisanathe masamba anayamba kulefuka, ena kusanduka phala. M'zitini munkanunkha chithaphwi. Masiku omwewo kunabwera uthenga woti amayi aakulu atisiya. Bambo anapita kumaliro, ine ndinatsala ndikudziwa kuti ndawononga mphatso yokhayo ya malemu yomwe inali m'nyumba mwathu.

Pafupi nafe pankakhala a Zuze, bambo wachikulire yemwe anachokera ku Mozambique nthawi ya nkhondo ndipo ankagulitsa mbande za manachesi. Ndinawatengera zitini zonse. Anazula duwa limodzi, mizu yake ili yakuda, yonyenyeka.

"Unathiramo chiyani muno, mwanawe?"

"Dothi labwino, la kudimba."

"Labwino kwa kabichi. Mizu ya duwa ili ndi yaing'ono ngati tsitsi, imafuna mpweya. Waitsamwitsa."

Maluwa awiri anali atafa. Duwa lachitatu linatsala ndi masamba awiri olimba. A Zuze sanandigwirire ntchitoyo, anangokhala pampando n'kumandituma. Ndinakapala manyowa a masamba owola pansi pa mtengo wa mango, ndinakatenga mchenga wamiyalamiyala kumtsinje n'kuutsuka, ndinasinja makala. Manyowawo ndinawasefa, kenako ndinawakazinga paphale mpaka anatuluka nthunzi, kuti tizilombo tife. Atazizira ndinasakaniza makapu awiri a manyowa, imodzi ya mchenga, imodzi ya makala.

"Nyowetsa pang'ono, ufumbate, kenako utambasule dzanja," anatero.

Dothi linayoyoka lokha.

"Likaumbika ngati la mphika, ndiye kuti walakwitsa."

Ndinaboola pansi pa zitini ziwiri ndi msomali, ndinadula masamba awiriwo ndi lezala, n'kuzika timapesi take. Anandiuza kuti madzi ndizithira m'mbale yoikapo chitini, dothi lizikoka lokha, ndipo ndisamafukule kuti ndione ngati mizu yatuluka.

Mayi anabwera ataonda, atavala duku lakuda. Atangolowa anayang'ana pawindo. Ndinawafotokozera zonse asanafunse.

"Ndinakuuza kuti uzitani?"

"Ndizingothirira pang'ono."

Sanandimenye. Anatapa dothi pang'ono m'chitini, analifikisa ndi zala, kenako anapita kukagona. Kwa masabata angapo sanatchulenso za maluwa. Tsamba limodzi linawola. Linalo linangokhala, osafa, osaonetsa kanthu, kwa miyezi iwiri. Ndiye m'mawa wina ndikusesa panja mayi anandiitana. M'munsi mwa tsamba munali mutatuluka timasamba titatu tating'ono ngati makutu a mbewa.

"Uzilisamala ndiwe," anatero. "Koma ukafuna kusintha chinthu cha munthu, uziyamba wafunsa."

Lero ndine namwino. Ndikasamutsidwira kumalo atsopano ndimapeza zinthu zambiri zooneka ngati anzanga anazichita mosaganiza, ndipo manja amandiyabwa kuti ndizikonze. Ndimayamba ndafunsa chifukwa chake anazichita choncho. Nthawi zina yankho limasowadi, koma kawirikawiri limakhalapo. Mtima wanga uja unali wabwino, sindinafune kuwononga kanthu. Koma maluwa awiri anafabe.