Chingwe Chochokera Kutsidya kwa Msewu

Ndowa ija inali chitini cha mafuta ophikira chodula pakamwa, chobowola uku ndi uku n'kulowetsamo waya. Kunsi kwake kunali chigamba cha phula chimene amalume anamata ndi mpeni wotentha. Ikamatsikira m'chitsime inkagunda m'mbali, kho, kho, kho, kenako phava! Mpaka lero ndimaimva, ngakhale ndili m'basi ya shifiti yopita ku ntchito ku Corby, kuno kwa Angelezi, anzanga onse ali m'tulo, magalasi achita nkhungu.

Ndowayo inali yathu. Chingwe sichinali chathu.

Kwathu ndi ku Ntcheu, chakufupi ndi Lizulu, kumene msewu waukulu ndiwo malire a dziko. Mbali ino Malawi, ukangowoloka tala uli ku Mozambiki. Nkhuku zathu zinkakaikira mazira kunja kwa dziko, madzulo n'kubwerera kudzagona kwawo. Anthu a mudzi wa kutsidya anali anthu athu omwe: chilankhulo chimodzi, ngoma imodzi, maliro ankatilirira, ifenso tinkawalirira.

Chitsime chinali mbali yathu, koma anakumba ndi makolo a midzi yonse iwiri. Atatha kukumba anapangana kuti ife tizipereka ndowa, iwo azipereka chingwe. Chaka chilichonse dzuwa la Okutobala likaswa mtengo, madzi atathawira pansi, akutsidya ankabwera ndi chingwe chatsopano cha khonje. Wosunga chitsime ankafunsa kuti, "Chingwe chachokera kuti?" Iwo n'kuyankha kuti, "Chachokera kutsidya." Basi. Akatero amuna a mbali zonse ankatsikira pansi kukachotsa matope ndi kuzamitsa. Panalibe pepala, panalibe chidindo, panalibe munthu wa tayi.

Wosunga chitsime nthawi imeneyo anali amalume, achimwene awo a amayi. Anagwirako ntchito ku migodi ku Joni, n'kubwerako ndi zinthu ziwiri: chikhothi chachikulu chimene ankavala ngakhale kutenthe bwanji, ndi chifuwa chosatha. Sanali munthu woipa. Anali munthu amene akanena mawu pagulu, ngakhale mawuwo amuluma, sangawameze.

Chaka chimenecho ndinali mu Sitandade 4, kalasi yanga yomaliza. Nkhondo ya ku Mozambiki inafika pakhomo. Mudzi wa kutsidya unatenthedwa masana dzuwa likuswa, ife tikuonerera tili mbali ino ngati tikuonera mpira. Fungo la udzu wopsa linakhala m'malaya mwathu sabata yathunthu. Anthu anawoloka, mphasa pamutu, ana kumsana, ndipo sanali a mudzi umodzi wokhawo ayi. Anabwera ena ochokera kutali amene sitinawaonepo. Anamanga misasa kuseri kwa sukulu. Khonje lonse la akutsidya linapsera limodzi ndi nyumba.

Mzere wa pachitsime unatalika mpaka pamsewu. Madzi anayamba kutuluka ofiira, onunkha dothi, theka la ndowa. Amayi a m'mudzi mwathu anayamba kulongolola. Okutobala anakwana, chingwe sichinabwere. Chakale chija chinali mfundo zokhazokha, ndipo tsiku lina m'mawa chinangoti thu! Amalume anavuula ndowa ndi ngowe, anamangirira chingwe chawo chomangira ng'ombe, anakhala pamwala atavala chikhothi chija, n'kunena anthu onse akumva:

"Chingwe palibe, pangano palibe. Atunge a mudzi uno okha."

A m'misasa anayamba kukatunga kudambo, m'zithaphwi momwe ng'ombe zinkamwa ndi kukodzeramo. Pasanathe masiku ambiri ana awo anayamba kutsegula m'mimba. Podutsa popita kusukulu unkamva kulira kwa ana kopanda mphamvu, konga kwa mphaka.

Apa ndiyenera kunena zoona, ine ndinathirako mafuta pamoto.

Aphunzitsi athu anali munthu wokonda mapu. Sabata imeneyo anatiuza kuti malire athuwa anapangana ndi Angelezi ndi Apwitikizi ali kwawo ku Ulaya: mvula ikagwa paphiri, kumene madzi athamangira kunyanja n'kwa Angelezi, kumene athamangira mbali inayo n'kwa Apwitikizi. Anthu amene sanamwepo madzi a kwathu anatigawa ndi madzi athu omwe. Anatiuzanso za chitaganya, pamene dziko lathu analimanga mtolo umodzi ndi Marodeshiya awiri osatifunsa, ndipo chinafa chifukwa mtolo womanga mokakamiza sufika kumudzi. Kenako analemba pabolodi kuti pangano la maiko limafuna mbali zonse zivomere, ndipo mbali imodzi ikapanda kuchita zimene inalonjeza, inayo ikhoza kulisiya.

Ine ndi kamutu kanga ndinathamangira nazo kunyumba. Ndinawapeza amayi ndi amalume akukangana pakhonde, ndipo ndinazilakatula zonse ngati ndime ya ku Sande Sukulu. Amalume anawomba m'manja.

"Wamva, mlongo wanga? Ngakhale sukulu ikuvomereza."

Amayi anatembenukira kwa ine. Kenako anati, "Aphunzitsi akowo ananenanso kuti khonje lake lizimera kuti?"

Zimenezo sizinali pabolodi.

Masiku ano ndikakhala m'kantini ya kuntchito nthawi ya buleki, wailesi ya kanema ikuonetsa azibambo a matayi akukangana zoti dziko lino la Angelezi lituluke mu mgwirizano wa maiko a ku Ulaya, magazi amandiwira. Chaka chino, chaka chamawa, nkhani yake yomweyo, malire a ku Ayalandi, malire a ku Ayalandi. Kodi anthu amenewa anaonapo malire? Anaonapo munthu akumwa mkodzo wa ng'ombe chifukwa cha mawu a pagulu? Pali mayi wina wa ku Polandi amene timapakira naye makatoni pa laini imodzi. Ana ake anabadwira ku Leicester konkuno, koma tsiku lina ndinamupeza akulira pamalokala posungira zikwama zathu, akuti sakudziwa ngati mapepala ake adzagwirebe ntchito. Ndinafuna kuponya kapu ya tiyi pa wailesi ija. Sukulu sindinapite nayo patali, koma ndikudziwa kuti pangano likamasweka, amene amatsegula m'mimba si amene analisaina.

M'mawa mwake amayi anandidzutsa kusanatenthe. Kuseri kwa nyumba ya amalume kunali mpanda wa khonje umene anabzala makolo, wotchingira mbuzi. Amayi anaugwetsa ndi chikwanje, tsamba ndi tsamba, ine ndikumanga mitolo. Amene sanasenzepo khonje laliwisi sadziwa kuyabwa. Madzi ake ankatsikira m'khosi, m'khwapa, thupi lonse ngati wagona pa chitedze. Tinapita maulendo anayi ku misasa. Amayi anatula pakhomo pa mayi wina wa kutsidya, mnzawo wa pa utsikana, amene mwana wake anali atalowa maso m'kati.

"Manja muli nawo," anatero amayi. "Zinazo musandifunse."

Masiku atatu misasa yonse inali pa khonje. Amayi a m'misasa ankapala ndi mipeni yobuntha mpaka ulusi woyera kutuluka, n'kuyanika pamiyala. Madala ankapota pantchafu, akulavulira m'manja, ntchafu kufiira ngati zapsa. Ngakhale aja ochokera kutali, amene chitsime chathu sichinkawakhudza m'mbiri, anapotako.

Tsiku lachinayi m'mawa a m'misasa aja anachita chinthu chimene ndinachiona ngati misala. Anasenza chingwe chija, anadutsa pafupi ndi chitsime osaima, anafika pamsewu, anadikira lole ya mbatata idutse, n'kuwoloka. Kutsidya kunali koopsa masiku amenewo, asilikali ankangotulukira nthawi iliyonse. Anayenda mpaka pa chipupa cha golosale ina yopsa ya m'mudzi mwawo, anaima pang'ono, anatembenuka, n'kubwerera. Mapazi awo anali akuda ndi phulusa.

Amalume anali pamwala pawo. Mudzi wonse unasonkhana. Kumbuyo kwawo mpanda uja unali mbee, ngati mutu wometa, aliyense akuuona.

"Chingwe chachokera kuti?"

"Chachokera kutsidya."

Ine sindinapirire. Mikono inali ikundiyabwabe.

"Bodza! Khonje limenelo ndi lathu! Ndinasenza ndine!"

Amayi ananditsina pantchafu, kutsina kwake kopotokola, chipsera ndinakhala nacho mwezi. Amalume anayamba kutsokomola. Anatsokomola, anatsokomola, analavula, anapukuta pakamwa ndi dzanja la chikhothi.

"Mwana uyu dzuwa lamulowa m'mutu," anatero. "Ine ndachiona ndi maso anga chikuwoloka msewu. Kapena pali wina sanachione?"

Panalibe amene sanachione. Anamasula chingwe chawo cha ng'ombe, anamanga chatsopano pa waya wa ndowa, anachikoka kawiri kuyesa mfundo, n'kupereka ndowa kwa mayi uja wa mwana wodwala kuti ayambe ndiye. Kenako anavula chikhothi. Aka kanali koyamba kuwaona opanda chikhothi, nthiti zonse pamtunda. Anatsikira m'chitsime ndi madala a kutsidya, ife tikukoka matope pamwamba mpaka dzuwa kupendeka. Patapita masiku awiri madzi anayera. Sanakwane onse, sindinama, mzere unalipobe ndipo amayi a pamzerepo ankatukwanizanabe. Koma popeza manja anali atachuluka, mvula isanagwe anakumba chitsime china kumunsi, cha midzi yonse. Mwana uja anachira. Ndinamva kuti pano ali ndi ngolo yake, amagulitsa kabichi pa Lizulu.

Nkhani imeneyi ndinamuuza mayi wa ku Polandi uja ndi Chingelezi changa chothyokathyoka, tikudikira basi mvula ikuwaza. Anaseka, misozi ili m'maso. Ndinamuuza kuti a matayi akangane mpaka atope, pansi pano pamapezeka munthu wodula khonje. Ndinamuuzanso mwana wanga wamwamuna kunyumba ku Braunstone. Chichewa amamva koma amayankha m'Chingelezi, ndipo anangoti, ndiye kuti anabera lamulo. Ndinatsala pang'ono kukalipa, koma ndinakumbuka kuti inenso ndinakuwa zomwezo, mokweza kuposa iye.

Sabata yonse ya chingwe ija, ndili mwana, ndinakwiya. Ndinkati amayi ndi abodza, amalume ndi opusa, awapusitsa masana anthu akuona. Ndinkadabwa kuti munthu wochenjera chonchija, woti anafika mpaka ku Joni, angalephere bwanji kuona mpanda wake womwe. Chikwanje chimene amayi anadulira khonje ndinachiona bwinobwino, chinali cha chigwiriro cha mphira wofiira. Chinali cha amalume, chimene sankabwereketsa munthu ngakhale pamaliro. Madzulo a tsiku la mkangano lija ndinawaona akuchinola pamwala, akutsokomola, ndipo m'mawa tinachipeza chili pakhonde pathu. Ine ndinkangoti anachiiwala.