Mpweya wa Ababa mu Mpira wa Pepala

Ndinali ndi zaka zisanu ndi zinayi chaka chimene ababa anayamba kutsokomola. Ankagwira ntchito kufakitale ya tiyi kufupi ndi vila, tauni ya Milange, ndipo Loweruka lililonse ankabwera ndi pepala lokutira tiyi m'thumba la malaya. Dziko linali litangolandira ufulu, m'masitolo munalibe kanthu, pepala linkasowa moti kusukulu tinkalemba pansi ndi chala. Koma ababa pepala lawolo linali la ife ana.

Ankakhala pakhonde, n'kuling'amba kuti mbali zonse zifanane, kenaka n'kumalipinda pabondo, ngodya iyi kukumana ndi iyo, timakutu totsala n'kutilowetsa m'timatumba. Chinkatuluka chinali kanthu kophwatalala, kokhala ndi kabowo kunsonga. Akauzira pakabowopo kamodzi, fuu, kankafufuma n'kukhala mpira. Mlongo wanga Zuze, wa zaka zinayi, ankachita kugwa chagada ndi kuseka. Mipirayo sinkafika Lolemba. Ine zophunzira kupinda sindinkalabadira. Ababa analipo, ndiye kuvutikiranji?

Mpira womaliza anaupinda ali pamphasa, ntchito atasiya kale. Zala zinali zikumverabe, chifuwa ndiye chinakana. Anauzira, mpira unafufuma mbali imodzi yokha, chifuwa n'kuwagwira mpaka misozi. Ndinautenga kuti ndimalizitse, koma amayi anandigwira dzanja usanafike pakamwa. Ankaopa nthenda. Ababa anayang'ana kukhoma, ndipo manyazi amene ndinaona pankhope pawo amandipwetekabe mpaka lero.

"Usiye choncho, Rozina," anatero ababa. "Wakwana."

Amalume anawatengera kuchipatala panjinga, ndipo sanabwereko amoyo.

Titaika maliro ndinatenga phula la njuchi n'kumata kabowo kaja, mpirawo n'kuutsekera m'chitini. Mumtima ndinkati mpweya wa ababa uli momwemo, anthu akwirira thupi lokha. Ndikatsala ndekha ndinkatsegula chitini n'kuuika mpirawo pakhutu.

Vuto linali Zuze. Mwana uja imfa sankaidziwa. Loweruka likakwana ankakakhala panjira yochokera kufakitale mpaka dzuwa kupendeka, akabwerako n'kukana kudya. Anayamba kukananso masiku ena, anaonda, maso okha. Amayi atawoloka mtsinje wa m'malire kukagula mchere ku Muloza anabwerako ndi pepala lokutira shuga. Anayesa kupinda, koma chinatulukacho chinali chosadziwika mutu wake. Anafunsa akatekisiti, anafunsa anzawo a ababa a kufakitale, panalibe wodziwa.

Tsiku lina tikusenda chinangwa amayi anandiuza kuti za chitini changa ankazidziwa kalekale. Anati njira yonse ya kapindidwe ili m'mizere ya mpira umenewo, chofunika n'kuufunyulula basi. Ndinakana. Ndinalira, ndinati muli mpweya wa ababa, ukatuluka ndiye kuti apitiratu. Amayi sanandikalipire. Anaika mpeni pansi.

"Mwanawe, ine ndataya mwamuna," anatero. "Uyunso ndizingomuyang'ana akutha?"

Loweruka m'mawa ndinabwera nacho chitini pakhonde. Ndinamatula phula ndi chikhadabo, kabowo nditakaloza patsaya kuti mpweyawo undikhudze potuluka. Palibe chinatuluka. Ngakhale kafungo. Mpira unangokhala mmene unalili, wofufuma mbali imodzi. Apo m'pamene ndinawalira ababa, kuposa mmene ndinalirira kumanda.

Mizere yokha inalipo yonse, pena pali chidindo cha chala chawo chodetsedwa ndi tiyi. Tinafunyulula pang'onopang'ono, amayi akutsanzira papepala la shuga lija. Tinalakwitsa kambirimbiri, kupinda n'kufunyulula, mpaka pepala la ababa linang'ambika pakati. Chakumasana wathu unatheka. Ndinauzira ine, unafufuma mbali zonse.

Ndinapita nawo kunjira kuja. Zuze atauona anadzambatuka, koma sanauyang'ane kawiri. Anasuzumira kumbuyo kwanga.

"Ababa abwera?"

Ndinamuuza kuti ayi, sabweranso, koma mpira ndizimupangira ine. Anayang'ananso njira yochokera kufakitale ija. Kenaka anaulandira ndi manja awiri, tinabwerera kunyumba, ndipo tsiku limenelo anadya.

Panopa ndine gogo, Zuze nayenso mutu uli mbuu. Ndinadzazindikira kuti mpira umenewu suima ndi mpweya ayi. Kabowo kake kamakhala kotsegula, mpweya umalowa n'kutuluka, chimauimika ndi mapindidwe aja. Chimene ababa anatisiyira sichinali choti n'kumata phula, chinali choti chilowe m'zala. N'chifukwa chake zidzukulu zanga ndimazikakamiza kupinda zokha ndikadali moyo, zinyinyirike zisanyinyirike. Koma kunena zoona, chisoni chija sichinathe. Mpaka lero ndikamauzira ndimayamba ndaima pakati, mpira uli wofufuma mbali imodzi, ndipo pamatenga kanthawi kuti ndiwamalizitsire ababa.